Bolodi la Zibowo la Akavalo

Mu tchesi muli kachidole ka mutu wa kavalo kamene kamayenda molumpha anzake. Panali bambo wina amene ankakakonda kwambiri, moti ankalolera kudyetsa chidole champhamvu chotchedwa nsanja bola kavalo wake atsale. Anzake a ku kalabu ya tchesi anangoyamba kumuitana kuti Akavalo, ndipo dzinalo linamukanirira mpaka kuntchito.

Ntchito yawo inali yowotcherera mageti, mafelemu a mawindo ndi mawilibala othyoka, mu shedi ya malata kuseri kwa depoti ya mabasi. Tchesi anaidziwa ali ndi zaka makumi awiri ndi zisanu, kwa dalaivala wina amene ankadikira kuti amuwotcherere ekizozi. Patatha miyezi itatu dalaivala uja anayamba kuzemba shediyo, atatopa ndi kugonja.

Mpikisano wa dziko lonse analowa kakhumi ndi kanayi, koma sanakhalepo woyamba. Kanayi konse anathera pa nambala yachiwiri, ndipo pamwamba pawo pankakhala munthu mmodzimodzi, Aphunzitsi, bambo woonda wophunzitsa masamu ku sekondale, amene ankasewera modekha ngati akuchonga mayeso. Zikho zinayi zing'onozing'ono zinali pamwamba pa kabati, ndipo akazi awo ankasungiramo mabatani ndi singano.

"Mukanabweretsa chachikulu chija, abambo, bwenzi ndi ulusi womwe ukukwana," ankawaseka choncho.

Maso anayamba kuvuta ali ndi zaka makumi asanu ndi chimodzi. Poyamba ankangogunda felemu la chitseko ndi phewa, n'kumanena kuti chitsekocho n'chopapatiza. Kenako pa mpikisano wina anaika mfumukazi yawo pakamwa pa chidole cha mnzawo chotchedwa bishopu, chimene chinali pakona, osachiona n'komwe. Adokotala atawayeza anati mitsempha ya m'maso inali itawonongeka kale, ndipo mankhwala odontheza akanangochedwetsa mdimawo. Pasanathe zaka ziwiri ankangosiyanitsa pamene pali windo ndi pamene pali khoma.

Shedi anasiyira mwana wawo wamkazi woyamba, amene anaphunzira ntchitoyo kwa iwo omwe. Bolodi la tchesi anauza akazi awo kuti aliike pamwamba pa wadiropu. Iwo ankakhala pa mpando wa pakhomo kuyambira m'mawa, manja ali pa mawondo, kumvetsera mabasi akudutsa. Anzawo a ku kalabu akabwera, ankatuma uthenga woti agona.

Loweruka lina masana anamva mapazi a anthu awiri akulowa pageti. Mmodzi anamuzindikira msanga ndi fungo la utuchi: anali mlamu wawo, mchimwene wa akazi awo, kalipentala wa pakamwa posatseka.

"Alamu, musanamizire kugona, maso anu ali pamtunda," anatero kalipentala uja.

"Ali pamtunda, koma akugwira ntchito yanji? Mwabwera ndi ndani?"

"Ndine, Akavalo," anayankha mawu odekha. Anali Aphunzitsi.

Kenako Akavalo anamva chinthu cholemera chikuikidwa pa miyendo pawo. Anachisisita. Linali bolodi la thabwa lokhuthala, mabokosi ena okwera, ena otsika, ndipo pakati pa bokosi lililonse panali chibowo. Aphunzitsi anafotokoza kuti anamva zoti anthu osaona amasewera pa bolodi lotero, ndiye anajambula pa pepala n'kupita nalo kwa kalipentala. Mabokosi okwera ndiwo akuda. Chidole chilichonse chinali ndi kamtengo kunsi kolowa m'chibowo, ndipo zakuda zinali ndi kamsomali pamutu.

"Zibowo makumi asanu ndi limodzi kudza zinayi, alamu, zonse ndi manja angawa. Mukalikana ndikalikhomera miyendo likhale tebulo la achemwali anga."

"Mwabwera kudzandimvera chisoni, Aphunzitsi?"

"Chisoni ndikudzimvera ndekha. Chichokereni inu, aliyense akumandiopa. Palibe wonditaira kavalo pamphuno kuti mutu undiwawe. Tengani zoyera, muyambe."

Tsiku limenelo Akavalo anagonja kawiri. Mlungu wotsatira anagonjanso. Zala zawo zinali zokhakhala, zodzaza zipsera za moto wa ntchito, ndipo kamsomali sankakamva bwino. Ankati akafufuza mbali ya kumanja, za kumanzere zaiwalika. Tsiku lina atapsa mtima anakankha bolodi lija kuti zonse zimwazike. Linagwa pansi chafufumimba, koma akazi awo atalitembenuza anapeza zidole zili chilili m'zibowo mwake, kupatula msilikali mmodzi.

"Ngakhale kukwiya kwakukanikani, abambo," anatero mayiwo akuwabwezera bolodi pa miyendo. Akavalo anaseka mpaka kutsokomola, kuseka koyamba m'chaka chonsecho.

Kuyambira pamenepo anasintha kachitidwe. M'mawa uliwonse akazi awo, amene tchesi sankaidziwa n'komwe, ankawawerengera masewero akale a m'kope lawo, chilembo ndi nambala, uku akusita zovala. Iwo ankatsatira m'mutu manja atapinda, n'kukhudza bolodi pokhapokha akasokonezeka. Patapita miyezi isanu ndi itatu, Aphunzitsi anagoneka mfumu yawo pa bolodi, kusonyeza kuti agonja.

"Mwandisiyira dala?" anafunsa Akavalo.

"Ine? Mwaiwala kuti ndinu ndani kwa ine?"

Chaka chotsatira Akavalo analembetsa mpikisano waukulu wa anthu oona, mu holo ya sukulu ina. Osewera analipo makumi anayi. Akazi awo anawalowetsa atawagwira chigongono. Woyang'anira mpikisano anaika mabolodi awiri pa tebulo lawo, lawo la zibowo ndi la wamba la mnzawo, ndipo aliyense ankayenera kutchula mokweza chimene wasuntha.

Woyamba kukumana nawo anali mtsikana wa ku yunivesite. Ankatchula mawu ake mofuula, pang'onopang'ono.

"Mwanangu, makutu alibe vuto," anamuuza. Mtsikanayo anapepesa, kenako anawagonjetsa bwinobwino osawachitira ulemu. Akavalo anamugwira chanza mwamphamvu, mtima uli mbee. Pa masewero asanu ndi limodzi otsalawo anapambana anayi, ndipo awiri anafanana mphamvu. Anathera pa nambala yachisanu. Chikho panalibe, koma anthu anaimirira powaombera m'manja, kalipentala akuuza aliyense kuti bolodilo anapanga ndi iye.

Patatha mwezi kunabwera kalata yochokera ku bungwe la tchesi. Ankawapempha kuti akaimire dziko pa mpikisano wa osewera osaona kunja, pamodzi ndi wowaperekeza mmodzi. Akavalo anali asanatulukepo m'dziko, ndipo pasipoti analibe. Lolemba m'mawa anavala jekete, n'kupita ndi akazi awo kokajambulitsa.

Wojambula anawakhazika pa kampando kutsogolo kwa nsalu yoyera.

"Yang'anani kuno, bambo."

"Kuno ndiye kuti, achimwene?"

Akazi awo anabwera, anawagwira chibwano n'kuchitembenuzira ku kamera, anawakonzanso kolala.

"Musamwetulire, bambo, za pasipoti salola," anatero wojambula uja.

Anajambula kanayi asanapeze chithunzi choti n'kutumiza. Atatha, mayi aja anakhala pa kampando komweko, chifukwa woperekezayo anali iwo.