A Hosea ndi njovu yovala chipewa

Inali seveni awazi m'mawa pamene ndinawapeza a Hosea atagwada m'kanjira ka kuseri kwa tchalitchi, chala chawo chili m'ndowe ya njovu. Ana khumi ndi awiri anali atawazungulira, mwana wanga Purity ali patsogolo penipeni. Anali atapita ndi ana a aneba ine ndili kumjigo.

"Yotentha kapena yozizira?" anafunsa a Hosea.

"Yozizira!"

"Ndiye mwini wake ali kuti?"

"Wapita kalekale!"

Ine ndinabwera kudzamuchotsa Purity pakasukulu ka patchalitchipo, koma chifukwa chake ndinali ndisanachikonze bwino m'mutu.

Kuno ku Mfuwe a Hosea ambiri amawadziwa kuti a Ketulo. Zaka twente anagwira ntchito yonyamula tiyi pa loji ina cha ku Nkwali. Alendo akamayenda pansi m'paki kuona nyama, kutsogolo kumakhala wamfuti, iwo kumbuyo ndi ketulo ndi makapu kumsana. Amati wakumbuyo ndiye amaona zambiri chifukwa alibe womulondera. Bondo litawavuta anasiya ntchito, ndipo ampingo anawapempha kuti aziperekeza ana a kasukulu ka patchalitchi. Kuperekeza kokha basi. Zophunzitsazo anaziyamba okha.

Ine ndinalekezera giredi seveni, ndipo chimene ndinkafuna n'chakuti mwana wanga adziwe buku msanga. Mwezi woyamba ankabwera ndi zikhadabo zakuda ndi nthenga za nkhanga m'tsitsi. Wachiwiri, sokosi imodzi ya atate ake inasowa. Ndinaipeza yodzaza phulusa, yomanga ndi luzi. Akuti a Hosea anati mwana aliyense akhale nayo: ukaigwedeza, phulusa limakuonetsa kumene mphepo ikupita, ndipo ngati ikupita kwa nyama ndiye kuti yakununkhiza kale. Atate ake anapita kuntchito ku eyapoti ndi sokosi zosiyana mitundu, akung'ung'udza njira yonse.

Mabuku alipo. Alendo ena anasiya katoni yathunthu, ndipo Madamu Delia, amene ndiwo mphunzitsi weniweni, amawerengera ana pamphasa pansi pa mtengo wa bwemba. Limene ana amalimbirana ndi la njovu yovala chipewa chofiira. Imamwetulira, imanyamula kamtsikana pachitamba kupita nako kusukulu. Inenso ndinalikonda. Chilembo choyamba chimene Purity anadziwa anachitenga m'buku lomwelo, ndipo ndinauza mpingo wonse.

Mlungu umenewo mango anali atapsa. Dzulo lake la m'mawa uja, cha m'ma seventini awazi dzuwa likadalipo, njovu zitatu zinatulukira pamtengo wa mango wa kuseri kwa nyumba yathu. Ine ndinali kuanula zovala. Potembenuka, ndikuona Purity akupita komweko, dzanja m'mwamba ngati akupatsa moni azakhali ake. Ndinagwetsa zovala pansi. Kenaka mwana anaima, natulutsa sokosi ija m'thumba la diresi, naigwedeza. Phulusa linauluka kulunjika kwa njovu. Anayamba kubwerera chambuyo, pang'onopang'ono, osathamanga, mpaka ndinamugwira phewa. Ine ndikumukokera m'nyumba, iye akuti, "Amama, yatinunkhiza. Nanga chipewa chake yasiya kuti?"

Zonsezi ndinawafotokozera a Hosea pomwepo m'kanjiramo. Anapukuta chala paudzu, nadzuka movutikira.

"Tsono amake Purity, mwabwera kudzamenya ndani? Ine kapena amadamu?"

"Sindikudziwa, atate. Ndinamubweretsa kuno chifukwa cha buku, ndipo buku ndilo linamutuma kwa njovu. Zandowe zanuzi ndimadana nazo, koma ndizo zinamubweza. Tsopano ndikwiyire chiyani?"

Madamu Delia anali atafika ndi mphasa m'khwapa. "Musandiyang'ane ine, sindine ndinajambula. Ndi nthano chabe. Kumene linachokera ana amawerenga lomweli ndipo amakula."

"Kwawoko njovu zimabwera pamango?" anatero a Hosea.

"A Ketulo, inu mukanakonda ana azingowerenga ndowe mpaka giredi thwelofu."

"Ndowe sinanamizepo munthu, madamu."

Kenaka a Hosea anatembenukira kwa ine, ndipo nthabwala zinatha pankhope. "Bukulo ndinalibisa kawiri kudenga. Ana analira mpaka amadamu analitsitsa. Ndinamata tsamba lachitamba lija ndi phala, anawo anamatula ndi malovu. Ndikawauza kuti njovu imapha, amati imeneyo ndi ina, osati yathu yachipewa. Zaka twente ndayenda kumbuyo kwa njovu, koma chithunzi chimodzi chandigwetsa. Mwana amakhulupirira pepala kuposa mdala wotsimphina."

"Basi ndimutenga azikhala kunyumba," ndinatero.

"Kunyumba kwanu ndiye kumene kuli mango."

Ndinacheuka. Purity anali atakhala kale pamphasa, buku lachipewa lili pamiyendo, sokosi ili m'dzanja. Ndimulande chiti? Ndikamulanda buku, adzakhala ngati ine. Ndikamusiyira, mango akadalipo mpaka Khirisimasi.

A Hosea anapisa m'thumba la jekete natulutsa kabuku kolembamo ana asukulu, kopindapinda. Anali atajambulamo ndi pensulo. Tsamba loyamba, phazi la njovu pafupi ndi phazi la mwana. Lachiwiri, ndowe yotuluka nthunzi. Lachitatu, njovu itatambasula makutu, ngakhale kunena zoona inkaoneka ngati nkhumba yonyamula malichero awiri. Lomaliza, kamtsikana kakubwerera chambuyo, sokosi m'manja, amake akudikira. Panalibe chilembo ngakhale chimodzi.

"Ndinawaonetsa ana Lolemba," anatero motsitsa mawu. "Anaseka. Akuti si buku, chifukwa lilibe tinyerere takuda tija pansi pa zithunzi. Ine sukulu ndinangoidutsa pamsewu. Amadamu akuti alemba m'Chizungu, koma ndikufuna mawu amene mwana angamve njovu ili patsogolo pake."

Anandiika kabukuko m'manja, pensulo ili pakati.

"Inu munaziona dzulo ndi maso anu, amake Purity. Musamuchotse mwana. Khalani apa pamphasa, ine ndizinena, inu muzilemba. Zilembo zikuluzikulu, zokongola kuposa za yachipewa ija. Ndipo kamtsikanako mukatchule Purity, kuti akhulupirire."