Ng'ombe za m'foni ndi nkhuku ya alendo

Ndiyambe ndi kuulula, chifukwa ndikapanda kutero nkhani yonseyi simuimva. Chibadwire mwana wanga, pakhomo pano zimadziwika kuti ndikaima pawindo la kuchipinda foni ili m'manja, ndiye kuti ndikusaka ntchito. Ndili ndi satifiketi ya zamalonda ya kukoleji, ndipo apongozi anga aakazi anaipachika okha pabalaza, pamwamba pa kabati. Akandiona ndatukula foni kufuna netiweki amatsitsa mawu, ngakhale nkhuku amaziingitsa monong'ona. Ntchito ndimasakadi, koma zimenezo sizichedwa kutha poti malo ake ndi ochepa. Nthawi yotsalayo ndimakhala ndikulima. Ndili ndi munda m'foni.

Ndi gemu ya ulimi. Umadzala, umakolola, umadyetsa ng'ombe, umagulitsa mkaka, munda n'kumakula. Sekani, ndikudziwa. Ndinabwera kuchitengwa kufupi ndi Kandeu, pakati pa alimi a kachewere, kumene munda weniweni uli kuseri kwa nyumba ndipo khasu langa limandidziwa. Koma wa m'foniwu sindilima ndekha. Tili gulu, atsikana amene tinkagona chipinda chimodzi kukoleji. Wina ali ku Lilongwe, wina anakwatiwa ku Nsipe, ena anamwazikira kwina. Mu gemumo muli polemberana, ndipo timalemberana zonse: za mabere otupa, za amuna osabweza mbale kukhitchini, za mphunzitsi wathu uja ankagona akuphunzitsa. Pakhomo pano aliyense amati inu, make mwana, inu apongozi. M'gulumo ndi mokhamo mmene ndikadali iwe.

Tsono mu gemumo muli timphatso totchedwa mabusta. Ina imakhwimitsa mbewu msanga, ina imachulukitsa zokolola, ina imakweza mtengo wa mkaka ndi ndiwo zamasamba. Koma busta ili ngati moto wa mapesi. Ukayatsa yayaka, ndipo ola lake likatha yatha, kaya unali pafoni kaya unali kuchapa matewera. Palibe kuimitsa.

Anzanga akapata busta sachedwa nayo. Ine ndimasunga. Ndikati ndiyatse, mtima umati mwana adzuka. Ndikati mawa, mtima umati netiweki ithawa, kapena batire ithera pakati. Ndine munthu amene ndimadzutsa mwana ali m'tulo kuti ndione ngati akupuma, ndiye musadabwe. Mabusta anga anangounjikana, ena mpaka anatha mphamvu ali chikhalire osagwirapo ntchito. Chodabwitsa n'chakuti nthawi yomweyo ndinkawaseka mumtima apongozi anga chifukwa cha mbale zawo za maluwa. Mbalezo zili m'kabati, amazipukuta fumbi, koma chibwerere ine sindinaonepo munthu akudyeramo. Amati ndi za alendo. Alendo akabwera, amati awa si alendo a mbalezi.

Sabata iliyonse magulu amapikisana, ndipo zokolola za aliyense zimaphatikizidwa. Gulu lathu linkangotsalira, ndipo aliyense ankaona kuti wolemera mwendo ndi ndani. Tsiku lina mkulu wa gulu, mnzanga wa ku Lilongwe uja, anandilembera poyera, onse akuwerenga.

"Iwe gogo wa nkhokwe, mabusta akowo ukusungira maliro?"

"Ndikudikira nthawi yabwino, asisi."

"Nthawi yabwino inakwera minibasi kalekale. Tamvera. Malo m'gulu muno ndi owerengeka, ndipo msuweni wanga akundivutitsa kuti alowe. Loweruka lino ukapanda kuyatsa, ndikuchotsa. Chikondi chilipo, koma ndikuchotsa."

Anaikapo tinkhope toseka, koma mtsikana ameneyu ndimamudziwa. Kukoleji anatulutsapo panja matiresi a munthu chifukwa chosasesa. Ndipo ukachotsedwa m'gulu, polemberana paja pamatsekeka. Manambala awo ndili nawo, inde, koma mukudziwa mmene zimakhalira: lero moni, mawa moni, mkuja zii.

Wa ku Nsipe ndiye anandimvera chisoni, n'kundipatsa malangizo kumbali. Anati ndisayatse munda uli wosadzala. Ndiyambe ndadzala paliponse, ng'ombe zikhale zokhuta, m'nkhokwe mukhale malo olandirira. Ndikatero ndiyatse yokhwimitsa ndi yochulukitsa pamodzi kuti zithandizane, koma ya mtengo ndiisiye kaye mpaka katundu ataunjikana, chifukwa kukweza mtengo ulibe chogulitsa ndi kuitana ogula pamsika wopanda kanthu. "Ndipo foni ikhale yodzadza," anatero. "Komanso mwana akhale wokhuta kuposa ng'ombezo."

Loweruka linafika ngati lochita kupempha. Bambo a mwana analawira ku Lizulu ndi matumba a kachewere. Apongozi ananyamula khasu kupita kudimba. Foni inali itamwa sola mpaka kukhuta. Mwana ndinamusambitsa, ndinamuyamwitsa, anagona manja ali m'mwamba ngati wagonja pankhondo. Ndinaima pawindo langa, netiweki ili njo. Ndinadzala munda wonse. Ndinayatsa mabusta awiri aja. Munda unawala, chimanga chinayamba kutuluka ngaiyaye ndikuona.

"Odi kuno!"

Ndinayamba ndadziuza kuti ndi kwa aneba.

"Odi! Eni khomo alipo?"

Anali amalume awo a bambo a mwana, alongo awo a apongozi anga, pamodzi ndi akazi awo. Amakhala kuchigwa kumene amalima mpunga, ndipo mwanayu anali asanamuonepo. Apongozi anakumana nawo panjira n'kubwerera nawo, khasu lili paphewa, nkhope ili mwee. Ndinalowetsa foni m'chiuno, m'mapindiro a chitenje, n'kuthamanga kukalandira kathumba ka mpunga pamutu pa azakhali, akazi a amalumewo.

Amene anakwatiwa kuchitengwa akudziwa kuti moni wa amalume sathamangira. Ndinayala mphasa, ndinatulutsa mpando, ndinagwada chapatali ndithu. Amalumewo ndi munthu woyankhula ngati akuwerenga mbewu.

"Muli bwanji, apongozi?"

"Ndili bwino, kaya inu amalume?"

"Tili bwino. Zikomo. Nanga mwana?"

"Ali bwino."

"Zikomo. Nanga bambo ake?"

"Ali bwino, apita ku Lizulu."

"Ku Lizulu. Zikomo. Nanga kwanu mukumvako? Amayi ali bwanji? Mwendo uja unapola?"

Anafunsa za mwendo, za mvula ya kwathu, za mbuzi zimene anaziona tsiku la chinkhoswe. Atamaliza iwo anayamba azakhali, kuyambiranso pachiyambi, ngati mayankho aja anali a munthu wina. Kenako inali nthawi yanga yofunsa za kuchigwa, ndipo kuchigwako kunali nkhani. Foni inkatentha m'chiunomu ngati khala. Ndinkaona m'maganizo chimanga changa chitakhwima, chili chiimire, palibe wokolola, ola likupsa.

Mwana anadzutsidwa kuti alendo amuone. Anayamba kumugawana: mphuno ya kwawo, chipumi cha malemu agogo ake, makutu a amalume eni ake. Ine anandisiyira zikhadabo. Azakhali anamufukata, iye osalira n'komwe, kapolo ameneyu, amene ine ndikangomutula pansi amaitana mudzi wonse.

"Make mwana," anatero apongozi, "tagwirani thadzi lofiira lija."

Nkhuku ya alendo siphedwa mobisa. Umayamba wakaionetsa ili yamoyo. Ndinaithamangitsa kuzungulira nkhokwe, dzanja limodzi litagwira m'chiuno kuti foni isagwe, mpaka ndinaipanikiza pa mpanda. Ndinakagwada nayo pamaso pa amalume.

"Ndiwo zake ndi izi, amalume."

"Aaa, mwavutikiranji? Ife si alendo," anatero, uku akuipapasa pachifuwa kuti amve kunona kwake.

Mwina ndinasuzumira m'chiuno kangapo. Mwina nkhope yanga inandigulitsa. Apongozi anandiyang'ana, kenako anatembenukira kwa alongo awo n'kunena mokweza, monyadira:

"Apongozi angawa ndi ophunzira, achimwene. Nthawi ngati ino amakhala akusaka ntchito pafoni. Make mwana, bweretsani nkhukuyo kuno, ndikonza ndine. Inu pitani mukamalize."

"Pitani, pitani," anatero amalume. "Ntchito sidikira munthu."

Ndinapita. Ndisanamizire kuti ndinakana. Ndinaima pawindo langa, manja onse awiri ali omasuka, mwana ali m'manja mwa anthu omukonda, ndiwo zikukonzedwa ndi wina. Chibadwire mwanayu mpata ngati umenewu ndinali ndisanaupezepo. Ndinakolola, ndinadzala, ndinakololanso. Zokolola zinkabwera ngati mvula ya matalala. M'gulu wina analemba kuti, "Taonani! Gogo wayatsa!"

Koma windo limenelo limayang'ana kuseri kwa khitchini. Ndikakweza maso ndinkawaona apongozi ataweramira beseni, akusosola nthenga. Msana wawo umawavuta, ndipo akawerama nthawi yaitali amadzuka pang'onopang'ono, dzanja lili m'chiuno. Ndinawaona akudzuka choncho kukatenga madzi otentha, n'kuweramanso. Ndinakolola kabichi mzere umodzi, wachiwiri unandikanika.

Ndinatuluka foni ili m'manja, ndinakagwada pafupi ndi beseni.

"Amayi, ndili ndi mawu."

"Mwaipeza ntchito?"

"Ayi. Amayi, si za ntchito zimene ndimapanga pawindo paja. Ndiye kuti, zina ndi za ntchito, koma zambiri ndi masewera. Gemu. Ya ulimi."

Sanasiye kusosola. Anathothola nthenga za kuphiko, zolimba zija, n'kuziponya pambali.

"Make mwana, ine ndine wokalamba koma makutu ndili nawo. Kodi ndi ofesi yanji imene mumalira ng'ombe? Poyamba ndinkati kapena mukufunsira ntchito kudipi."

Ndinafuna pansi patang'ambika. Masiku onse aja ndinkatsitsa mawu a foni, kani sindinkatsitsa mokwanira.

"Nanga bwanji simunanene, amayi?"

"Ndinene chiyani? Munthu anangokhala duu chibadwire mwana, kudya osadya, kuyankha ndi mutu. Kenako ndikumva akuseka yekha pawindo. Ndikanati asiye?" Anatembenuza nkhuku. "Chimene mwayatsacho chitha liti?"

"Mwadziwa bwanji kuti ndayatsa kanthu?"

"Munthu amene akupereka moni kwa amalume maso ali m'chiuno ndiye kuti wasiya china pamoto."

Ndinawauza kuti chatsala pang'ono, ndi kuti chikatha ndisanakolole anzanga andichotsa m'gulu. Ndinati koma zilibe kanthu, andipatse mpeni.

"Khalani apo mumalize. Kuchipinda ayi, pompano, ndizione ng'ombe zimene zimandisokosazo. Koma matumbo mutsuka ndinu. Ndipo nthutumba ikasowa m'mbale ya achimwene, ndinena kuti yadyedwa ndi ng'ombe zanu."

Ndinakhala pa mtondo wogona, pafupi ndi nkhokwe pamene netiweki imagwirako pang'ono. Iwo akutumbula nkhuku, khosi lili kwa ine.

"Kabichi ameneyo mwadzala liti?"

"Pompano."

"Wakhwima kale? Osathirira? Osapopera? Bodza limeneli. Nanga kachewere alipo?"

"Alipo, koma sindinafike levulo yake."

"Mwaona. Ngakhale m'foni kachewere safuna masewera."

Ndi kuseka konseko ndinaiwala busta ya mtengo ija. Ndinaikumbukira nditagulitsa kale theka la mkaka pamtengo wamba. Ndinaiyatsa mochedwa, ndinagulitsa zotsalazo, kenako munda unasiya kuwala. Ola linatha. Ndinaika foni pa nkhokwe, ndinatenga matumbo ndi kamtengo, n'kuyamba ntchito yanga.

Tsiku limenelo apongozi anatsekula kabati. Kaya chinawalowa n'chiyani, koma amalume ndi azakhali anadyera mbale za maluwa. Potulutsa, imodzi inapezeka itang'aluka pakati ili m'kabati momwemo, isanadyeredwepo n'kamodzi komwe. Apongozi anaitembenuza uku ndi uku. Anandiyang'ana, ine ndinawayang'ana. Anaiika pambali n'kutulutsa ina, ndipo ine anandipatsa yanga yamaluwanso, ndinadyera kukhitchini.

Gulu lathu silinapambane, koma linachoka kumchira. Mkulu wa gulu analemba kuti msuweni wake adikire kaye. Anawonjezera kuti munthu wa satifiketi ya zamalonda wogulitsa mkaka asanakweze mtengo, satifiketiyo akabweze. Wa ku Nsipe anati ndinalakwitsa dongosolo koma ndinakhoza mtima. Mabusta tsopano sindisunga kwambiri. Ndimasungabe pang'ono, chibadwa sichitha, koma ndaphunzira kuti nthawi yabwino yoyatsira si pamene mwana wagona. Ndi pamene pabwera anthu omulimbirana.

Bambo a mwana mpaka pano akudziwa kuti pawindo ndimasaka ntchito basi. Apongozi sanawauze, ine ndikusakabe poyambira. M'mawa ndikawapatsa moni apongoziwo, amayankha bwinobwino, kenako amafunsa motsitsa, nkhope ili yoongoka: "Nanga ziweto zagona bwanji?" Amalume nawo anabwerera kuchigwa akuuza aliyense kuti mkazi wa mphwawo watsala pang'ono kulowa mu ofesi, moti azakhali atumiza kale uthenga kuti ndikadzayamba ndisadzaiwale mwana wawo wamkazi.

Chimene chimandibwererabe ndi beseni lija. Apongozi anandiuza okha kuti ndikhale, ndipo ankaseka kuposa ine. Koma msana unali wawo, nkhuku inali ntchito yanga, ndipo kabichi amene ndinkakololayo palibe anamudya. Inu amene munagwadapo pamaso pa amalume china chikupserera kwina, tandiuzani: ndikanalanda mpeni uja, kapena ndinachita bwino kukhala pa mtondo?