Ngolo yabwera, mchenga watsala

Mwaswera bwanji nonse. Tangofika kumene kuchokera kukhoti kuboma, mtima wanga tsopano wakhala pansi.

Kwa amene simunamve, sabata yatha bambo a Tadala anagwidwa akuchokera kudambo ndi ngolo ya apongozi itadzaza mchenga. Timafuna kuika simenti pansi m'nyumba, poti Tadala wayamba kukwawa ndipo fumbi likumutsokomoletsa. Anthu oona za migodi analanda zonse, ngolo ndi ng'ombe zomwe.

Ndisabise, chakudya sichimalowa. Feteleza wa sabuside timakatengera ngolo yomweyo, mvula nayo ili pafupi. Ndikanawayang'ana bwanji apongozi?

M'khoti apongozi anaimirira, chipewa m'manja. "Bwana, dambo limenelo amayi anga ankakumbamo dongo la miphika. Mchenga wasanduka golide liti?" Anthu anaseka, oweruza nawonso anamwetulira. Oweruzawo anafotokoza kuti malamulo amafuna chilolezo ngakhale pa mchenga. Koma poti sunali wogulitsa, bambo a Tadala awakhululukira, ndipo alamula kuti ngolo ndi ng'ombe zibwezedwe, mchenga wokha utsale.

Chandisangalatsa ndi ichi: titapita kukazitenga kumene ankazisunga, ng'ombezo zinakana kudzuka. Wapolisi anakoka chingwe mpaka thukuta kamukamu, osatheka. Apongozi atangoimba mluzu kamodzi, zonse dzambatu! Wapolisiyo anati, "Madala, tengani ng'ombe zanu, zativutitsa mokwanira."

Tsopano ndithandizeni nzeru. Tikatenge chilolezocho, kapena ndingozira pansi ndi dothi mpaka tigulitse fodya? Achimwene a ku Nkhamenya, inu mumatsata izi: dothi lozirira nalonso samanga nalo munthu?