Chaka Chimene Mitengo Inaonda

A Tepi anagwira ntchito imodzi zaka makumi atatu ku ofesi ya boma yofufuza za nkhalango: kuyeza kunenepa kwa mitengo. Lamulo lake linali lalifupi. Ima chilili, zunguliza tepi pamtengo molingana ndi chifuwa, lemba nambala. Iwo analitsata ndendende. Mitengo mazana anayi ya m'munda woyeserera ankaidziwa yonse, ina nkumaipatsa moni, ndipo malipoti ankautamanda mundawo kuti ukunenepa kuposa ina yonse.

Chaka china msana unawagoneka. M'malo mwawo anayeza mkulu wina wamtali, amene anzake ankamutcha Mlongoti. Manambala atalowa m'kompyuta, ofesi inatekeseka. Mitengo yonse inali itaonda.

"Mtengo suonda, bwana, si mbuzi," anatero a Tepi atabwerera.

"Ndiye kuti ndi matenda achilendo," anayankha abwana. "Lolemba tidula munda wonse asanafalikire."

A Tepi anafika kunyumba mtima uli m'malere, nafotokozera akazi awo, amene anali pamakina akusoka.

"Mlongotiyo amayeza pati?" anafunsa mayiwo.

"Pachifuwa, monga mwa lamulo."

"Chifuwa cha yani?"

"Chifuwa ndi chifuwa, mayi."

"Abambo, bulukulo ndalipinda miyendo katatu. Galasi la kubafa ndinalitsitsa chaka chatha, inu osazindikira. Mukutsika. Ndipo mtengo umanenepera kutsinde, ngakhale ine telala ndikudziwa."

A Tepi, munthu amene pachithunzi chaukwati anamuimika kumbuyo chifukwa cha msinkhu, anayang'ana miyendo ya buluku nthawi yaitali.

Lolemba, macheka ali kale m'galimoto, a Tepi anakoka Mlongoti nakaima naye pamtengo nambala wani, abwana akuona. Chifuwa chawo chinalekeza pamchombo pa mnzawoyo.

"Bwana, mitengo ilibe vuto," anatero motsitsa mawu. "Ndafupika ndine."

Abwana anavula magalasi. "Nanga kunenepa kuja takhala tikunyadira zaka khumi?"

"Theka lake ndi msana wanga."

Macheka anatsitsidwa. Ofesi inalamula kuti mtengo uliwonse ulembedwe mzere wapenti pamsinkhu umodzi, ndipo anapenta ndi a Tepi omwewo, mitengo yonse mazana anayi.

Masiku ano mzerewo umawafika pachibwano. Ukawafunsa, iwo amene amadziwa bwino kuti mtengo umakulira kunsonga, amati mitengoyo yatalika.