Malume Atabwerako ku Tete

Fungo la polishi wa nsapato limandibwezera ku Mabvuku, lokeshoni yomwe ndinakuliramo m'dziko la olankhula Chishona, nyengo yozizira ija malume Faindani anabwera patchuthi. Anali alongo awo a amayi, msilikali wa boma la azungu, ndipo gulu lawo linali litangochokera kutsidya kwa malire, ku Tete, komwe linkasaka anyamata omenyera ufulu. M'mawa uliwonse ankakhala pakhomo la kukhitchini, akupukuta majombo owala kale. Utsi wa nkhuni unkakuta mizere ya nyumba, mame ali mbuu pa malata. Yunifomu yawo amayi ankayanika kuchipinda, osati panja.

Mumzere mwathu munali anthu ambiri a ku Malawi ndi ku Tete, ndipo tinali ndi mwambo. Munthu akachokera kumudzi, anansi ankabwera kudzamulonjera ndi kumva za kwawo: mvula, maliro, amene wakwatiwa. Amayi anasesa pabwalo, nabwereka mabenchi. Palibe anabwera. Ku holo ya mowa, malume akakhala pansi, anthu ankanyamula makapu awo n'kusamukira patebulo lina. Tsiku lina tinapeza mawu a Chishona akuti "mutengesi", wogulitsa anzake, atalembedwa ndi makala pakhoma pathu. Amayi anatsuka khomalo.

Tchuthi chili pafupi kutha, kunabwera mayi Zuze, ogulitsa tomato, omwe anachoka ku Tete ali mtsikana. Anagwada pakhomo, naomba m'manja monga kwawo. Malume anasiya burashi.

"Mwayenda bwanji, mwananga? Akuti munafika cha kwathu. Mudzi wa mchemwali wanga uli pamlambe waukulu, mukangowoloka mtsinje. Anthu alipo?"

Malume anayankha kuti, "Mlambe ulipo, mayi."

Mayi Zuze anadikira, koma mawu ena sanabwere. Kenako anathokoza, nasiya tomato m'mbale, monga amachitira wolonjera aliyense. Sanadzapondenso kwathu. Malume anabwerera ku kampu masiku awo asanathe. Nkhondo itatha anakakhala ku Bulawayo, ndipo anamwalira komweko osauonanso mzere wathu.

Tsiku limenelo ine ndinasangalala, poganiza kuti tsopano tapeza mlendo ndipo malume amuuza nkhani yabwino. Tomato uja ndinamudya ndi mchere. Lero ndikudziwa kuti malume analephera kunama, analepheranso kunena zoona, ndipo mayi aja anamva zonse. Ndinakula osawafunsa malume zomwe anaona pamtsinjepo, ndipo tsopano palibe woti ndimufunse.