Tsiku Limene Ndinafa Pamaso pa Apongozi

Buku lija ndinaligula m'tauni, kwa bambo wina woyala mabuku akale pansi pafupi ndi ogulitsa salaula, zovala zovalidwa kale zija. Linalibe chikuto, ndipo masamba oyambirira anali atapita kale kukakulunga vitumbuwa. Mwini nkhani analemba yekha, paliponse "ine, ine", moti dzina lake sindilidziwa mpaka lero.

Anali mzungu wa ku Mangalande, wochita zisudzo. Chingerezi changa n'chodziphunzitsa ndekha, chija choyenda ndi chala pamzere, ndiye moyo wake ndinauyenda wapansi. Anayamba ndi kusesa m'nyumba ya zisudzo. Kenako anamukweza, anamupatsa mkondo kuti aziima kumbuyo kwa mfumu osanena kanthu. Atamukwezanso anakhala mtembo. Anayendayenda m'matauni ang'onoang'ono a kwawo, kufa madzulo, m'mawa kukwera sitima kukafanso kwina. Imvi zitayamba m'pamene analowa pa TV, n'kumasewera wantchito wa m'nyumba, wogulitsa m'sitolo, nthawi zina dokotala wobweretsa uthenga woipa.

Pakati pa bukulo panali chithunzi chake. Makutu ake anali ngati anga, aakulu, otambalala ngati zitseko za minibasi, ndipo ndinamukonda pomwepo. Tsiku lina ndinamuona pa TV ya aneba. Ndinalumpha: "Ndi uyo! Mnzanga uyo!" Anthu asanatembenuke n'komwe, iye anali ataika tiyi patebulo n'kutuluka.

Mutu umene ndinaubwereza kwambiri unali wa kukhala mtembo. Ankati mtembo supumira pachifuwa, sumva kuyabwa, ndipo ntchito yake yaikulu ndi kumvetsera, chifukwa ukapanda kumvetsera sudziwa nthawi yodzuka. Zimenezi ndinkamumasulira mkazi wanga madzulo, iye akusankha nyemba. Ankavomera "mmm" pamalo olakwika.

Nthawi imeneyo tinkakhala m'komboni ya Kanyama, m'chipinda cha kuseri kwa nyumba ya apongozi anga aakazi. Ndi mayi a ku Katete, osunga mwambo. Ine ndi iwo sitinkayang'anana m'maso, sitinkadyera pamodzi. Tikakumana pakanjira ka kumpopi, ine ndinkapatukira m'matope n'kunjuta, iwo n'kuyang'ana kumpanda. Mawu awo ankandifika kudzera mwa mkazi wanga.

"Amayi akuti denga likudontha."

"Uwauze ndamva."

"Amayi akufunsa ngati m'bukumo muli misomali."

Ntchito yanga ndi yolemba zikwangwani za masaluni ndi timagolosale, ndiye sikuti ndinali mlesi. Koma ndinkadziwa kuti kwa apongozi ndinali munthu amene mwana wawo anamutola pamodzi ndi mapepala. Ndinkafuna chinthu chimodzi chokha: aone ndi maso awo kuti kuwerenga kwanga kuli ndi ntchito.

Mwayi unabwera ndi mvula. Ku Kanyama madzi amalowa m'nyumba osaodira, ndipo kolera amabwera pambuyo pake. Kagulu ka zisudzo ka m'komboni kanakonza sewero lochenjeza anthu, loti lichitikire pamsika Loweruka masana. Nkhani yake inali yaifupi: bambo wosasamba m'manja amwalira, mayi ake amulira, namwino afotokoza. Wotsogolera anali bambo wometa tsitsi amene tonse tinkamutchula kuti ba Dairekita.

"Manje nindani azankala mtembo?" anafunsa.

Aliyense anayang'ana pansi. Kugona ngati wakufa uli moyo, anthu amati n'kudziitanira tsoka. Ine ndinakweza dzanja.

"Imwe ba mudala, muziba kufa?"

"Ndinawerenga," ndinatero.

Ndinayeserera sabata yonse pansi m'chipinda chathu, mkazi wanga akundilumpha ndi tsache. Kenako ndinamutuma kuti akaitane amayi ake adzaonerere.

Loweruka linafika, dzuwa litatuluka pambuyo pa mvula. Anandigoneka pamphasa pakati pa ogulitsa tomato ndi ogulitsa makala, n'kundifunditsa chitenje mpaka m'khosi. Ndinafa bwinobwino. Ndili chifere, ndinamva manong'onong'o: mayi amene anayenera kundilira sanabwere, anapita kumaliro enieni ku Chawama.

"Kuli mai aliyense angatililileko?" anakuwa ba Dairekita.

Azimayi a kutchalitchi anayamba kukankha munthu. "Aba ndiye baziba! Yendani amai, ni sewelo chabe!"

Ndinamva mapatapata akubwera. Kulira kwa mapatapata amenewo ndinkakudziwa bwino, poti ndinali nditakuthawa zaka zambiri. Miyendo yanga inafuna kudzuka yokha kuti ikanjute m'matope. Mkamwini kugona chagada, miyendo tambalale, apongozi atagwada pambali pake! Koma ndikadzuka, sewero lafa, ndipo buku langa lafa nalo pamaso pa komboni yonse. Ndinakumbukira mnzanga wa makutu uja, ndinadziuza kuti mtembo ulibe apongozi.

Anagwada. Anakoka mpweya.

"Mayo ine! Mwana wanga wapita! Wapita denga asanakhome!"

Msika wonse unaphulika ndi kuseka. Ba Dairekita anayandikira n'kunong'ona: "Amai, kambani za kusamba m'manja."

"Asambe nthawi yanji, manja ali kubuku tsiku lonse?" analira apongozi mokweza. "Pakudya, buku! Kuchimbudzi, buku! Akatuluka, chala pamalovu, n'kutsegula tsamba! Mayo, kolera anamupezera pamenepo!"

"Zoona amai!" anavomera azimayi. Ba Dairekita anangobwerera m'mbuyo, poti uthenga unali ukuyenda kuposa mmene anaukonzera.

Zonse zimene mwambo unawaletsa kundiuza pamaso kwa zaka zonsezo zinatuluka tsiku limenelo, ndi kayimbidwe ka maliro. Chitseko chimene tinkatsekera ndi mwala. Pulasitiki imene ndinkafunditsa mabuku mvula ikagwa, mwana wawo akunyowa. Tsiku limene ananditumira uthenga kuti ndikagule kapenta, ine n'kubwera ndi buku la mbiri ya njanji. Ntchentche inatera pamphuno panga n'kuyamba kuyendera malo ngati ikufuna kugula. Wogulitsa makala anakuwa: "Uka uziyankile, mudala!" Ine phee. Ndinkapumira m'mimba monga mwa malangizo, ndikumvetsera monga mwa malangizo, ndipo mumtima ndinkati mzungu uja analemba zimenezi asanakwatire ku Katete.

Kenako mawu awo anatsika. Sanalinso kulirira msika.

"Koma miyala ija yopondapo, kuchokera pakhomo panga mpaka kumsewu, ankayesa sindinamuone akuiyala? Ndani adzandiyalirenso madzi akadzaza?" Anasendera pafupi nane. "Ndipo madzulo akamawerengera mkazi wake, ine ndimasendeza mpando kukhoma. Mwana wangayo samva kanthu, amangoti mmm. Womva ndine. Mzungu wa makutu uja tamusiya akunyamula tiyi. Anamukwezanso kapena ayi? Mayo, ndani adzandimalizira?"

Anthu anasekabe, poti sankadziwa za mzunguyo. Koma buku lija silinandichenjeze chinthu chimodzi: munthu ukagona chagada, misozi siitsikira kumasaya, imalowa m'makutu. Ndipo anga ndi otunga bwino.

"Mtembo ulila!" anatero mayi wina wa tomato.

"Ni tukuta," anayankha ba Dairekita. "Ba nesi, lobani!"

Namwino analowa, anafotokoza za sopo ndi madzi owiritsa, ndipo amuna anandinyamula ndi mphasa yomwe n'kukanditula kuseri kwa matumba a makala. Sindinagwedezeke mpaka atandiponya pansi. Ba Dairekita anati sanaonepo mtembo wotero, ndipo anandilonjeza kuti ndidzafanso ku Matero.

M'mawa mwake ndinali padenga ndi misomali ndi phula. Ndinadzimenya chala kangapo, chifukwa za nyundo sindinawerengepo. Masana ndinakumana ndi apongozi pakanjira ka kumpopi. Ndinapatukira m'matope n'kunjuta, iwo anayang'ana kumpanda, ngati dzulo silinachitike.

Madzulo mkazi wanga anakhala pansi ndi nyemba zake.

"Amayi akuti munafa bwino."

"Uwauze ndathokoza."

"Akutinso muzikweza mawu, mvula ikamagwa pamalata sakumva."

Ndinakweza mawu. Tinayenda naye mzungu uja madzulo ambiri, atatu tonse, mmodzi ali kuseri kwa khoma. Anakalamba akunyamulabe tiyi, ndipo anthu m'misewu ya kwawo ankamuimitsa n'kumufunsa ngati anaphunzira nawo sukulu. Kenako buku linangothera panjira, pakati pa chiganizo, iye akugogoda pachitseko ndi thireyi m'manja. Masamba omalizira nawonso anali atapita kukakulunga vitumbuwa.

Ndinatseka buku. Kuseri kwa khoma mpando unalira, mapatapata anazungulira nyumba, ndipo mkazi wanga anaitanidwa panja. Anabwera akudziletsa kuseka.

"Amayi akuti mawa mupite m'tauni mukafunse wa vitumbuwa."