Mzungu wa Kanema ndi Nyumba Yanga

Chinali chaka cha 1987, ine ndili ndi zaka makumi atatu ndi zinayi, ndikuwotcha fodya m'mabalani pa pulazi ina kufupi ndi Glendale, ku Zimbabwe. Nyumba yanga inali yachitatu pamzere wa kukomboni. Ndinaimanga ndekha, udzu ndinamweta ndekha.

Fodya atatha, kunabwera malole a anthu ojambula kanema. Mwini pulazi anawabwereka komboni yathu ngati wilibala. Foromani anati itenthedwa nyumba imodzi yokha, yopanda munthu, enafe tizingothawa ndi kukuwa tikauzidwa.

Pakati pawo panali mzungu wa ku Mangalande, wamtali, mphuno itapsa ndi dzuwa. Sanali mwini filimu, anali wongothandizira. Anamuveka zausilikali, ntchito yake kunena mawu ochepa ali pa hatchi n'kuponya muuni padenga. Basi. Koma ankayenda ndi munthu womugwirira ambulera.

Ulendo woyamba anaponya, nyumba inayaka, ife tinakuwa. Mawu aja anaiwala. Mkulu wa makamera anatukwana, naloza nyumba yachiwiri, ya mdala wina wa ku Dedza woweta ng'ombe. Ulendo wachiwiri hatchi inaopa utsi, iye anagwa chagada, muuni uli kale padenga. Mdalayo anangokhala pansi.

Ndinapita kwa foromani.

"Achimwene, yotsatira ndi yanga."

"Murungu, mzungu wamkulu wa makamera uja, wati akumangirani ya zidina."

"Ya zidinayo ndigonamo lero?"

"Iwe, usandivute. Akuti dzuwa likuwathawa. Tulutsa zimene ungathe."

Akazi anga anali kudambo ndi ana. Ndinatulutsa njinga ndi mabulangete. Pobwerera kachiwiri anandigwira, ati ndikuoneka pa kamera ndi magambutsi, pomwe anthu a m'filimuyo sayenera kuvala nsapato. Anandivula, nandiika pakati pa othawa. Ulendo uno mzungu wa pa hatchi uja ananena mawu ake onse, naponya muuni padenga langa, anzake namuombera m'manja. Kenaka anatuma foromani kudzandiuza kuti ndinakuwa bwino kuposa onse.

Zaka zotsatira mzunguyo ndinkamuona pa TV ya kubhawa, kumene tinkamwera mowa ku Glendale. Filimu ina akutsegulira chitseko anthu olemera. Ina ndi dokotala, apukusa mutu n'kutuluka. Ina ndi wapolisi, amuwombera nyimbo yoyambira isanathe. Tsitsi linayera, mimba inatuluka, akutsegulabe zitseko za eni ake. Anyamata a kubhawa sankadziwa dzina lake. Inenso sindinafune kulidziwa. Ine ndikanalakwitsa moto wa m'balani kawiri tsiku limodzi, bwenzi nditagona kunja kwa geti.

Filimu yathu ndinaionera kamodzi. Iye amaonekamo nthawi yosakwana kumwa kapu ya madzi. Nyumba yoyaka imene anaikamo ndi yoyamba ija, yopanda munthu. Yanga mulibe.

Ya zidina sinamangidwe. Anatipatsa mapolo ndi waya, ndinamanganso ndekha mvula ikugwa. Pulaziyo inagawidwa kalekale, lero ndimapalira m'minda ya ena.

Zimene zinapsa m'nyumba mwanga ndi izi: matumba awiri a chimanga cha mbewu, mphasa zitatu, nkhuku imene inali pamazira, diresi laukwati la akazi anga, ndi ng'oma ya mbalule imene bambo anga anaisenza pamutu kuchokera ku Nyasaland.